Nyumba zolera za ku Chigwa cha Mizu: kodi zingaimedi, nanga mfumukazi izikhala m'nyumba yotani?

Nangondo, Dedza

Akuluakulu ndi anzanga okonda zolembalemba, ndabwera ndi funso limene landisowetsa tulo kwa masabata angapo tsopano. Ndikulemba nthano yaitali ya dziko longopeka, ndipo ndafika pa mutu wachisanu ndi chinayi, pamene mtsikana amene nkhani yonse yatsamira pa iye akulowa koyamba kwa mfumukazi. Pamenepa cholembera chaima, chifukwa nyumba imene akulowamoyo sindikuiona bwinobwino m'maganizo mwanga, ndipo ndikudziwa kuti chimene ine sindikuchiona, wowerenganso sadzachiona.

Dzikolo ndalitcha Chigwa cha Mizu. Ndi chigwa chachikulu chathyathyathya, chopanda mwala ngakhale wa mphero, ndipo chaka ndi chaka chimamira kwa miyezi inayi madzi a m'mapiri akatsika. Anthu a kumeneko sanena kuti akumanga nyumba, amati akulera nyumba. Mwana wamkazi akabadwa, tsiku lotuluka m'chikuta malume ake amazika nthambi 7 za kachere mozungulira, motalikirana mapazi atatu atatu. Mitengoyo ikayamba kugwetsa mizu yake yolendewera ija, amayi ndi agogo a mwanayo amailuka pa chimango cha nsungwi monga mmene timalukira nkhokwe, chaka ndi chaka, mpaka mizuyo itagwirana n'kusanduka chipupa. Mtsikanayo akamafika pokwatiwa nyumba imakhala itakula naye limodzi, ndipo mkamwini amangodzaika mapaso ndi kufolera denga. Mwamuna alibe nyumba yakeyake m'chigwamo. Amachoka ku mphala n'kukalowa m'nyumba ya mkazi wake, ndipo ukwati ukatha amanyamula nkhafi yake n'kubwerera kwa mlongo wake.

Matsenga amene ndawalola m'dzikoli ndi amodzi okha. Kuli amayi ena otchedwa anamlera, amene akaimba nyimbo inayake usiku pafupi ndi chipupa, mizu imatsata mawu awo n'kukula usiku umodzi monga mmene ikanakulira mwezi wathunthu.

Vuto langa lili pa nyumba ya mfumukazi. Poyamba ndinailemba ya nsanjika 7, yokhala ndi nsanja m'makona anayi ndi chipata chachikulu choti amuna 10 n'kulowa atandandalikana. Mnzanga wina wa kuntchito atawerenga anandiuza mosabisa kuti iyi ndi linga la mafumu a ku Ulaya limene timaliona m'mafilimu, kungoti ndalifunditsa masamba. Mawuwo anandipweteka, koma nditabwerezanso kuwerenga ndinaona kuti ankanena zoona. Nyumba za anthu wamba zinamera m'chigwamo, pamene ya mfumukazi ndinachita kuitenga kwina n'kudzaikhazika.

Choncho ndikupempha amene amadziwa za mitengo ndi zomangamanga andiuze ngati nyumba yotereyi ingaimedi popanda kudalira matsenga pa chilichonse, andiuzenso za moto wa kukhitchini, popeza chipupa chake ndi chamoyo. Koposa zonse ndikufuna nzeru za mmene anthu otere angaonetsere ulemerero wa mfumukazi yawo mwa njira yawoyawo, yosabwereka.


A Mbewe, Zomba

Mayi Nangondo, ndagwira ntchito ya zomangamanga zaka zoposa 30, ndipo ndiyamba ndi kukulimbitsani mtima kuti zimene mwapekazi sizili kutali kwenikweni ndi zimene anthu akuchita pa dziko lino. Kumpoto chakum'mawa kwa India, m'chigawo cha Meghalaya, anthu a mtundu wa Khasi ndi a Jaintia amalera milatho ndi mizu ya mtengo wa m'banja limodzi ndi kachere ndi mkuyu. Kumeneko mvula imagwa yoposa mamilimita 11,000 pa chaka m'madera monga Mawsynram ndi Cherrapunji, motero mlatho wa matabwa suchedwa kuola. Iwo amatenga mizu yanthete, n'kuilowetsa m'thunthu lobooledwa la mtengo wina kapena kuitsamiritsa pa nsungwi, n'kuilondolera kutsidya la mtsinje. Pamatenga zaka 15 kapena kuposerapo kuti munthu ayambe kuwolokapo, ndipo m'mudzi wa Nongriat muli mlatho wa mizere iwiri, wina pamwamba pa unzake. Chimene chimatheketsa zonsezi n'chakuti mizu ya mitengo imeneyi ikakhudzana kwa nthawi yaitali imalumikizana n'kukhala thupi limodzi. Ndiye chipupa chanu chingaime, ndipo zaka 18 kapena 20 zimene mtsikana amatenga kuti akule n'zokwanira chipupa cha nyumba yapansi. Za nsanjika 7 zija muziiwale.

Koma musanafike pa mtengo, yambani ndi dothi. Mizu imapuma, ndipo kachere woima m'madzi miyezi inayi chaka chilichonse adzafota. Ngakhale mkuyu umene timauona m'mbali mwa mitsinje umapirira madzi odutsa, osati odikha miyezi yambiri. Anthu anu ayenera kuyamba aunda chitunda chotalika kuposa pamene madzi amalekeza, ndipo pa chitunda pamenepo ndi pamene malume azizika nthambi zake. A Lozi a kumadzulo kwa Zambia amakhala m'chigwa chimene mtsinje wa Zambezi umachimiza chaka ndi chaka, ndipo midzi yawo ili pa zitunda. Madzi akakwera kwambiri, mfumu yawo, Litunga, imasamuka ku Lealui kupita kumtunda ku Limulunga pa bwato lalikulu lotchedwa Nalikwanda, pa mwambo wa Kuomboka. Kwa anthu anu, amene sangasamuke chifukwa nyumba zawo zili ndi mizu, ntchito yaikulu ya chilimwe idzakhala kututa dothi m'madengu. Mbumba yakale idzadziwika ndi kutalika kwa chitunda chake, popeza mbadwo uliwonse udzathirapo lake.

Chinthu chachiwiri ndi chimene olemba ambiri sachidziwa, ndipo ndikuganiza kuti ndicho chingakuthandizeni koposa. Mtengo sukula ngati mphira wokokedwa. Mukakhoma msomali pa thunthu lero pa msinkhu wa pachifuwa, pakapita zaka 20 mudzaupeza pa msinkhu womwewo, kungoti khungwa lidzakhala litaumeza. Kwathu kuseri kwa nyumba kuli mtengo umene malemu bambo anga anamangirirapo waya wa mpanda ndili mnyamata. Lero wayayo amalowa mbali imodzi ya thunthu n'kutulukira mbali ina, ndipo sanakwere ndi chala chimodzi chomwe. Mtengo umatalika kunsonga kokha, pamene thunthu ndi mizu zimangonenepa. Tanthauzo lake pa nyumba yanu ndi ili: denga silidzakwera, koma khomo ndi mazenera zidzanka zichepa chaka ndi chaka, ndipo chipinda chidzanka chipanikizika pamene chipupa chikunenepa. Nyumba ya mtsikana wongokwatiwa kumene idzakhala yowala, ya khomo lotakasuka ndi chipupa choonekera kunja m'mipata. Ya agogo ake idzakhala yamdima, yozizira, ya khomo loti munthu alowe chammbali. Chitseko cha thabwa sichingagwire ntchito pamenepo, chifukwa mphuthu zake zikuyenda. Chofunika ndi chitseko choluka cha bango, chimene chaka chilichonse angachidule m'mbali.

Za moto, musalole mafuwa kuyandikira chipupa. Moyo wa mtengo uli m'kachigawo kopyapyala ka pansi pa khungwa, ndipo pakapsa mozungulira, mbali yonse ya pamwamba imauma. Kutentha kolowa pansi kumaphanso mizu. Ine ndikanaika khitchini padera, ya mitengo youma ndi dothi monga timachitira kumudzi, ndipo m'nyumba yamoyoyo ndikanangolola kamoto kakang'ono pakati penipeni, pa phale lokhazikidwa pa mtsiro wokhuthala umene pansi pake ayalapo mapale osweka. Kamoto kameneka n'kofunika, pakuti utsi ndi umene umathamangitsa tizilombo m'denga la udzu.

Dengalo lidzakuvutani kuposa chipupa. Udzu umalimba ukamauma msanga mvula ikakata, ndipo n'chifukwa chake timapendeketsa denga madigiri osachepera 45. Denga lokhala pansi pa mthunzi wa mtengo, limene masamba akugwerapo ndi kudonthezerapo, silichedwa kuola. Anthu anu ayenera kumasadza nthambi za pakati kuti dzuwa lizifika pa tsindwi, n'kusiya za kunja kuti zitambalale ngati khonde. Akakhala pa bwato patali, mlendo adzaona nkhata ya masamba obiriwira ndi nsonga ya udzu itatulukira pakati.

Nsungwi za chimango zidzadyedwa ndi chiswe ndi anankafumbwe pasanathe zaka zambiri, koma zimenezo zisakudetseni nkhawa, chifukwa ntchito yake imathera pa zaka zoyambirira pamene mizu ili yanthete. Paja akuluakulu anati kuongola mtengo n'poyamba.


Nabanda, Blantyre

Achemwali a Nangondo, a Mbewe akuuzani za mmene nyumbayo ingaimire, ine ndikufuna ndinenepo za kukhalamo. Ndinakulira kufupi ndi doko la Kachulu pa nyanja ya Chilwa, ndipo bambo anga anali msodzi. Nyengo ya matemba ankatha masabata ali pa chimbowera, tinyumba tija asodzi amamanga pa udzu woyandama pakati pa nyanja. Ndinagonapo kamodzi ndili ndi zaka 9, ndipo chimene ndimakumbukira mpaka lero si maonekedwe a kanyumbako. Ndimakumbukira kuti pansi pankanyinyirika munthu akaponda, kuti mkeka unali wachinyontho m'mawa ngakhale kunalibe mvula, kuti moto unali pa dothi limene anachita kubwera nalo pa bwato, ndiponso kuti udzudzu unkalira ngati mpingo ukuimba patali. Mu 1995 nyanjayo inaphwa, ndipo malo omwewo tinayendapo ndi mapazi pa dothi long'aluka. Mukamalemba za anthu a pamadzi, wowerenga amve chinyontho chimenecho pakhungu pake.

Nyumba ya kachere ili ndi alendo ake amene simunawatchule. Zipatso zikapsa kumabwera mileme usiku ndi mbalame usana, ndipo m'mawa uliwonse mwini nyumba adzasesa zipatso zophwanyika ndi zitosi pa khonde. Nthambi ikathyoka pamatuluka utomoni woyera womata, womwe anyamata amapangira ulimbo, motero ana a m'chigwamo adzakhala ndi madontho akuda pa zovala amene sachoka. Nyerere zidzakwera chipupa. Njoka zothawa madzi zidzafuna chitunda chomwecho chimene anthu athawirapo. Nkhokwe idzayenera kukhala pa nsanja yakeyake kutali ndi nthambi, kuopa makoswe odumphira. Zinthu zazing'ono zoterezi ndi zimene zimachititsa munthu kukhulupirira kuti wolemba anafikako.

Mipata ya pakati pa mizu idzafunika kumata, ndipo popeza chipupa chikunenepa, dothilo lidzang'aluka chaka chilichonse. Musachione ngati chilema chimenechi, chifukwa chingakupatseni mwambo waukulu wa chaka. Ku Mali, mumzinda wa Djenné, muli mzikiti waukulu wa dothi umene unamangidwa mmene ukuonekera lero mu 1907, pa chiunda chokwera chifukwa mtsinje wa Bani umasefukira. M'zipupa zake mwatulukira timitengo ta mgwalangwa tambirimbiri, timene mlendo amayesa zokongoletsa chabe, koma ndi makwerero a omata. Chaka chilichonse mzinda wonse umasonkhana kudzamatanso: ena amaponda dothi, amayi amatunga madzi, amuna amakwera pa timitengo tija ndi madengu. Kukongola kwa nyumbayo kunachokera pa kufunika koikonza. Kwa anthu anu, madzi akangophwa, dothi la makande limene chigumula chasiya ndilo lingakhale lomatira, ndipo mbumba iliyonse ingakhale ndi kalembedwe kake ka zala pa dothi laliwisi, koti munthu wodutsa adziwe kuti nyumba iyi ndi ya mbumba yakuti.

Tsopano ndifike pa chimene chandigwira mtima kwambiri. Mwanena za kubadwa ndi ukwati, koma simunanene za imfa. M'midzi ina makolo athu ankagwetsa nyumba ya malemu maliro akatha. Nanga nyumba yamoyo, imene inabzalidwa tsiku limene mwini wake anatuluka m'chikuta, angaidule ndani? Ine ndikuona kuti anthu otere sangayerekeze n'komwe. Ndikuganiza kuti mayi akamwalira angamuike m'nyumba mwake momwemo, pansi pa malo a kamoto kaja, kenaka n'kuleka kusadza mizu ya pakhomo. Chaka choyamba ana ake angathe kulowa kukasesa. Patapita zaka zingapo angamangolowetsa dzanja ndi kansengwa ka ufa. Tsiku lina adzapeza kuti khomo latsekeka lokha, ndipo limenelo lingakhale tsiku lometa lenileni, lomaliza maliro. Pamenepo mudzi uliwonse udzakhala ndi nyumba zotseguka za amoyo ndi zotsekeka za makolo pa chitunda chimodzi, mizu yake italumikizana pansi.

Mufunsenso za amene mwambowu ukuwasiya kunja, pakuti nkhani imakonda kubisala kumeneko. Mtsikana wamasiye amene analibe malume womubzalira adzakhala kuti akakula? Mkazi wobwera kuchokera kumapiri adzayamba kulera nyumba ali ndi zaka 25, n'kudzalowamo ali ndi imvi? Nanga nyumba ikauma mwini wake ali moyo, anthu adzamunena chiyani? Ngati mtsikana wa m'nkhani yanu ali mmodzi mwa otere, kulowa kwake kwa mfumukazi kudzakhala ndi kulemera kwina.


A Phiri, Bulawayo

Mayi Nangondo, ine ndinabadwira kuno ku Zimbabwe, makolo anga anachokera ku Ntchisi kudzagwira ntchito m'migodi, ndipo ndikufuna kuyankha funso lanu lomaliza, la ulemerero. Ndafikako kangapo ku Great Zimbabwe, kufupi ndi Masvingo. Mpanda waukulu wa kumeneko ndi wa miyala yosanjikizidwa popanda dothi kapena simenti yomatira, kutalika kwake kumafika mamita 11 ndipo kuzungulira kwake ndi pafupifupi mamita 250. Mzindawo unali pa chimake zaka za pakati pa 1200 ndi 1450. Chimene chimandidabwitsa nthawi zonse n'chakuti mulibe ngodya zakuthwa, zipupa zimangokhota monga mmene njira ya kumunda imakhotera, ndipo eni ake sankagona m'nyumba za miyala. Ankagona m'nyumba zozungulira za dothi ndi udzu zomangidwa m'kati mwa mipandayo. Mfumu sinasiyane ndi anthu ake pa mtundu wa nyumba, inasiyana nawo pa zimene munthu ankadutsamo asanaione.

M'kati mwa mpandawo muli kanjira kopanikizika pakati pa zipupa ziwiri zazitali, koti anthu amayenda mondondozana. Ukalowamo phokoso la kunja limatha, kumwamba kumangooneka ngati kansalu kopyapyala, ndipo sudziwa chimene chili kutsogolo chifukwa njirayo ikukhota. Potulukira pake umangoona nsanja yozungulira ya mamita pafupifupi 10, yopanda khomo, yopanda chipinda, yooneka ngati nkhokwe. Ndinaona anthu amene ankaseka ndi kujambulana kunja atangokhala chete m'kanjira kameneko popanda wowauza. Chipata chanu cha amuna 10 sichingachite zimenezo. Tengani zimene a Mbewe anena za khomo lonka lichepa, muziphatikize ndi za mayi Nabanda za nyumba zotsekeka, mudzapeza kuti m'chigwa chanu ulemu uli pa ukale, ndipo ukale umaoneka ndi kupanikizika. Nyumba ya mfumukazi iyenera kukhala ya khomo laling'ono kuposa onse m'dzikomo, ndipo wopita kumeneko adutse pakati pa nyumba zotsekeka za mafumukazi onse akale.

Pa za matsenga ndili ndi nkhawa. Ngati anamlera angakulitse mizu usiku umodzi popanda kulipira kanthu, ndiye kuti aliyense wokhala ndi mbuzi zowapatsa angakhale ndi nyumba ya agogo m'chaka chimodzi, ndipo zonse zimene tikukambirana pano zagwa. Nyimboyo ikhale ndi mtengo wake. Mwina woimba amataya kachigawo ka mawu ake usiku uliwonse umene waimba, kotero kuti anamlera okalamba amangonong'ona. Mwinanso mizu yokula ndi nyimbo imakhala yofewa m'kati, monga mmene mtengo wokula msanga sungafanane ndi muwanga kapena tsanya pa kulimba, motero nyumba yothamangitsidwa imaoneka yakale koma mphepo yamkuntho imaiulula. Pamenepo mwapeza kale chinsinsi cha banja lina lolemera limene likunamizira ukale.

Pomaliza ndisiyane pang'ono ndi a Mbewe, ngakhale ndikulemekeza luso lawo. Zonse zimene afotokozazi inu muzidziwe, koma musazilembe zonse. Mtsikana wobadwira m'chigwamo sangaime n'kumafotokoza kupendekeka kwa denga, monga mmene inu simufotokozera mlendo chifukwa chimene mumazirira pansi. Iye adzaona chokhacho chimene chili chachilendo kwa iye. Ndawerengapo nthano zambiri zopeka zimene wolemba anakonda kwambiri dziko lake mpaka anthu a m'nkhani anasanduka otiperekeza pokaona malo.


Nangondo, Dedza

Bambo Mbewe, mayi Nabanda ndi bambo Phiri, ndathokoza kuchokera pansi pa mtima. Ndakhala masiku atatu ndisanayankhe chifukwa ndinabwerera ku mutu woyamba, ndipo zambiri zasintha kuposa mmene ndinkayembekezera. Nsanjika 7 zija ndafufuta, nsanja za m'makona ndafufuta, chipata ndafufuta.

Mmene zilili tsopano, mudzi wa mfumukazi uli pa chitunda chachitali kuposa zonse m'chigwamo, chimene mibadwo 12 yathirapo dothi. Mfumukazi yoyamba inabzalidwira nyumba pamwamba penipeni, ndipo nyumba za olowa m'malo mwake zinabzalidwa mozungulira motsika, iliyonse kutsamira inzake, mpaka zonse zinalumikizana n'kukhala ngati mtengo umodzi umene msodzi amauona ali ulendo wa tsiku lathunthu. Nyumba 10 n'zotsekeka. Mtsikana wanga akutsika m'bwato m'munsi, n'kuyamba kukwera kanjira kokhota pakati pa zipupa za makolo, pamene akuona zipsera za makomo akale, zina zoti chala n'kulowa, zina zongotsala mzere pa khungwa. Kansengwa ka ufa kali pa chipsera chilichonse.

Funso la mayi Nabanda la amasiye landitsegula maso, chifukwa mtsikana wanga analidi wamasiye kuyambira pachiyambi, koma sindinaganizepo kuti zimenezi zikutanthauza kuti alibe nyumba ndipo sadzakhala nayo. Tsopano wakulira m'khitchini ya mitengo youma ya azakhali ake, pafupi ndi mafuwa, ndipo fungo la utsi limene lili m'nsalu yake limamuulula kulikonse kumene wapita. Za mawu a anamlera ndazitenga monga mwanenera, bambo Phiri. Mayi wokalamba amene akumulondolera m'kanjirako salankhula, amangomukoka dzanja.

Chinthu chimodzi ndasintha pa malangizo anu. Mfumukazi yolamulira ikanakhala m'nyumba yakeyake, yobzalidwa pa kubadwa kwake, khomo lake likanakhala lotakasuka ngati la mkazi wina aliyense wa msinkhu wake. Choncho ndaganiza kuti imagona m'nyumba yake m'munsi, koma milandu imaweruzira pamwamba, m'nyumba ya mfumukazi yoyamba, imene ndi yokhayo ya malemu yosaloledwa kutsekeka. Chaka chilichonse madzi akaphwa amapala khungwa la pakhomo pang'ono kuti mpata usathe. Kuti alowe, mtsikana wanga akutula kamtolo kake, akutembenuka chammbali, akutulutsa mpweya wonse m'chifuwa, ndipo khungwa likumukanda paphewa. M'katimo mukukwana anthu anayi okha.

Bambo Mbewe, ndikufunseni chimodzi chotsala. Kodi mtengo ungapirire kupalidwa malo amodzimodzi chaka ndi chaka kwa zaka 300 osaola?


A Mbewe, Zomba

Mayi Nangondo, ungapirire ngati opalawo ali ndi mwambo. Asamapale mozungulira muzu wonse, azingopala mbali yoyang'ana pakhomo, ndipo azichita zimenezi m'chilimwe pamene bala lingaume msanga, osati madzi akangophwa pamene chinyontho chikadali chambiri. Choncho mwambo wopalawo muusunthire miyezi iwiri kutsogolo. Mtengo umayesa kutseka bala potupa m'mphepete mwake, motero pakapita zaka zambiri khomolo lidzakhala ndi milomo yokhuthala yopindikira m'kati, ndipo pakati pake padzaoneka thabwa louma la mtengo weniweniwo. Pamenepo ndi pamene chiswe ndi kuola zingalowere, ndiye pafunika munthu wina amene ntchito yake ndi kupakapo phula la njuchi kapena mafuta a nsatsi ndi kuyang'ana njira za chiswe m'mawa uliwonse. Thabwa limenelo, pokhudzidwa ndi mapewa a anthu zaka 300, lidzakhala losalala ndi lakuda ngati mpini wa khasu la agogo. Choncho khungwa lingamukande mtsikanayo pa milomo ya kunja, koma akafika pakati pa khomo phewa lake lidzatsetsereka.